Mwana Anayetsemula Kamodzi

Amuna anga anabwera dzuwa lili paliwombo, atanyamula kabokosi ka maswiti a maisuru paki. Ndinawamva akukwera masitepe awiriawiri ndipo ndinadabwa, chifukwa munthu amene wakhala miyezi osagwira ntchito sakwera motero pokhapokha zitamuyendera kapena mutu utasokonekera. Mwana wathu Sinchana anali atangogona kumene m'nsalu yomwe timapachika kudenga, choncho ndinawakodola kuti asasokose. Anakhala pamkeka, n'kubenthula kachidutswa, n'kundiika m'kamwa ndi dzanja lawo. Kenaka ananong'ona kuti apeza filimu.

Ndinafunsa mwini wake. Anati ndi a Halappa, mlimi wa ku Thirthahalli wa mitengo ya adike, yobala timtedza totafuna, munthu amene ndalama zinayamba kumuyabwa m'manja. Wotsogolera ndi Kotresh, mnzawo amene ankagona naye chipinda chimodzi ali anyamata.

"Kodi a Halappawo akudziwa?"

"Akudziwa kuti ndimatha kujambula. Tatafuna iwe."

Ndinatafuna, koma kukoma sindinakumve.

Amuna anga, a Vadiraj, anafika mu Bengaluru muno kuchokera ku Tiptur ali ndi malaya awiri. Anayamba ndi kunyamula nyali, kenaka kukankha ngolo ya kamera panjanji zake, kenaka kuyeza ndi chingwe kuchokera pagalasi la kamera mpaka pamphuno ya wosewera. Zaka zinapitirira khumi asanaloledwe kuika diso pakamera ngati mwini wake. Pa filimu yawo yoyamba, mnyamata wosewera mbali yaikulu anagwa pahatchi m'miyala ya ku Melukote n'kuthyoka msana, ndipo ntchito inaima. Pa yachiwiri, wotsogolera anagwa ndi mtima akumwa khofi, nayonso inaima. Ku Gandhinagar, kumene maofesi a mafilimu ali khomo ndi khomo, anthu sachedwa kuphatikiza zinthu.

Tsiku lomaliza kujambula amatenga dzungu loyera, kuliboola, kuthiramo ufa wofiira, kuyatsa kamoto pamwamba pake, kulizunguza pakamera ndi pa anthu onse, n'kuliphwanya pansi. Likatero ndiye kuti filimu yatha. Amuna anga anaombera m'manja maungu ambiri a anzawo, koma lawo anali asanalione. Anthu anayamba kuwatchula kuti Sawona Dzungu, poyamba kumbali, kenaka pamaso. Iwo ankaseka nawo, nanga akanatani. Ine ndimene ndinkadziwa kuti chomwe ankafuna m'moyo chinali chimodzi: filimu imodzi yokha ifike padzungu iwo ali pakamera, ndipo dzina lawo lioneke pachinsalu, mayi awo ku Tiptur akapeze wina wowawerengera.

Ku mwambo woyambira filimu sindinkafuna kupita. Sinchana anali ndi kachimfine, ndipo ine ndine munthu amene ndikamva mwana akupuma mwachilendo ndimasiya mpunga ukupserera. Koma amuna anga anati mkazi wa mwini kamera ayenera kuoneka, apo ayi anthu aziti ngakhale wa m'nyumba mwake wamuthawa. Ndinamuveka mwana kadiresi kachikasu, n'kumudontheza kadontho kakuda kotchinga maso oipa patsaya ndi kuphazi, ndipo tinakwera njinga yamoto ya matayala atatu kupita kukachisi wa mulungu Ganapati.

Anthu analipo ambiri. Kamera anaiveka nkhata ya maluwa, ndipo pansi pa matayala a ngolo yake anaika mandimu. Wansembe anali atasankha kale kamphindi koyenera, moti aliyense ankangoyang'ana pawotchi. Ine ndinaima kumbuyo pafupi ndi mzati, pambali pa akazi a Halappa, mayi Girijamma, munthu wonenepa wa mawu ofewa amene anali atandiuza kale mankhwala atatu a chimfine. Utsi wa lubani unkabwerera mbali yathu. Ndinkaukupiza ndi nsonga ya nsalu yanga ya sari, koma unkabwerabe.

Chithunzi choyamba cha filimu iliyonse chimakhala cha mulungu. Amuna anga anafunda kansalu kakuda kumutu, n'kumata diso pakamera. A Halappa anaomba kathabwa koyambitsira kujambula. Pakachisi panagwa bata, moti kamera inkamveka kulira kwake ngati makina osokera a kutali.

Sinchana anayetsemula.

Kamodzi. Mitu inatembenuka, koma panalibe wolankhula, chifukwa aliyense ankadikira kachiwiri. Kuwiri ndi dalitso, kumodzi ndiye ayi. Ndinazula kaduwa m'tsitsi mwanga n'kumukodola nako mphuno. Ndinamuuzira kumaso. Mwana anandiyang'ana, n'kugwira duwalo, n'kuseka.

Aliyense amadziwa chochita zikatero. Umasiya zomwe wayamba, umakhala pansi, umamwa madzi, n'kuyambanso. Wansembe anakweza dzanja. Kotresh anatsegula pakamwa. Koma amuna anga sanachotse diso pakamera. Anajambulabe, makina akulirabe, mpaka kamoto ka m'mbale ya wansembe katazima kokha. Ndipo pamene anavula kansalu kaja nkhope yawo inali yowala ngati ya mwana amene wapambana mayeso.

"Ndi wa yani mwana wokongolayu?" anafunsa mayi Girijamma.

Ndinawauza. Anamusisita patsaya n'kunena kuti ndi utsi chabe, ndisadandaule. Koma ine maso anga sakhala malo amodzi. Ndinaona Seenappa, woyang'anira zakudya ndi magalimoto, amene anali nawo pa mafilimu awiri aja, akuweramira kukhutu kwa dalaivala wa a Halappa. Dalaivala anapita kwa mlamu wa a Halappa. Mlamu uja anazungulira mzati n'kufika kwa mayi Girijamma. Sindinamve liwu ngakhale limodzi. Ndinangoona dzanja lawo likuchoka patsaya la mwana wanga, pang'onopang'ono, n'kukalowa pansi pa sari. Pa nthawi ya chakudya, tsamba la nthochi lodyerapo la kumanja kwanga ndi la kumanzere kwanga linakhala lopanda munthu.

Titafika kunyumba ndinalira. Amuna anga ananyamula Sinchana n'kumuvinitsa, amvekere mwana wawo waomba kathabwa bwino kuposa a Halappa, ayenera kulipidwa. Ndinawafunsa ngati sanamve. Anati anamva, kuyetsemula kwa mwana wawo angakusokoneze ndi kwa ndani? Koma pa kamphindi komweko dzuwa linali litalowa pampata wa denga n'kutera pankhope ya Ganapati, utsi ukudutsa pakati pake, ndipo dzuwa silidikira munthu kuti amwe madzi.

"Ukanaliona, Kusuma," anatero. "Ukanandikhululukira."

Ine sindinkafunika kuwakhululukira. Ndinkangoopa.

Kotresh anabwera m'mawa mwake, ndevu zosameta, n'kupempha khofi asanakhale n'komwe. Anati a Halappa amafuna wojambula wina, koma iye wawauza kuti akachotsa Vadiraj achotsenso iye. Ndiye anagwirizana pakati. M'mawa uliwonse woyamba kukhudza kamera azikhala Dinakar, wothandiza amuna anga, ndiye aziswa kokonati ndi kujambula chithunzi choyamba. Amuna anga azidikira kuseri kwa galimoto mpaka ataitanidwa.

"Ndi zabwinotu aise," anatero Kotresh akuwamenya paphewa. "Ife tikamanyowa, iwe uzisuta ndudu yako ngati mkamwini."

"Mkamwini wake wa kuseri kwa lole."

Anaseka onse awiri. Ine ndinali kumoto, ndipo ndinaona kuti Kotresh ankaseka akuyang'ana m'kapu.

Anapita ku Thirthahalli mvula itangoyamba. Lamlungu lililonse amuna anga ankaimba palamya ya eni nyumba pansi, ine n'kutsika ndi mwana m'chiuno, mayi a eni nyumba atakhala pafupi akusankha mpunga womwe anali atausankha kale. Amuna anga ankakamba za kuwala kokhakokha. Amvekere mvula sioneka pakamera ukaiunikira kutsogolo, uyenera kuika nyali kumbuyo kwake, ndiye dontho lililonse limayaka. Amvekere m'munda wa adike dzuwa limagwa mizeremizere ngati zingwe za pa makina oombera nsalu. Ine ndinkamvetsera zomwe sakunena. Ndinkawafunsa ngati akudya. Ndinkawafunsa amene akugona nawo chipinda. Ankayankha kuti ali ndi chipinda chawochawo, ulemu waukulu.

Zina ankandiuza ngati nthabwala. Galimoto ya magetsi inatitimira m'matope, anthu anayang'ana iwo. Mtsikana wosewera mbali yaikulu analumidwa ndi misundu m'miyendo n'kukana kutuluka, anayang'ana iwo. Wophika anathira mchere kawiri mumsuzi wa saaru, ndipo Seenappa anafuula patebulo kuti a Sawona Dzungu adutsa pafupi ndi mphika. Ndinafunsa kuti anayankha chiyani. Anati anamuuza kuti akanakhala ndi mphamvu zotero bwenzi mimba ya Seenappa itaphwa kalekale.

Sindinaseke. Ndinkawaona m'maganizo ataima kuseri kwa lole m'mawa, ambulera m'manja, akumva kokonati ikusweka kutsogolo kwa kamera yawo. Tsiku lililonse ndinkapita kukachisi wa pamphambano yathu kukapempha kuti pasafe munthu, pasagwe munthu, ngakhale galu wa pamalopo asadwale. Sabata zinkapita ndipo panalibe chachikulu chomwe chinachitika. Ndinayamba kupuma. Ndinafika poganiza za sari yomwe ndidzavale tsiku loonetsa filimu koyamba.

Amuna anga anabwera tsiku la pakati pa sabata, m'mawa, ndikuchapa matewera padenga. Sindinawamve akukwera. Ndinangowapeza atakhala pakhomo, thalauzi lili matope mpaka m'mawondo, chikwama pakati pa miyendo. Ndinayang'ana manja, miyendo, nkhope. Sanavulale. Ndinafunsa ngati filimu yaima.

"Siinaime. Ikutha mawa."

Ndinawathira madzi osamba, ndinawapatsa chakudya, ndipo nkhani inatuluka pang'onopang'ono ali kudya. Mayi awo a Halappa anali atamwalira. Anali gogo wokalamba kwambiri, amene mano ake anatha ine ndisanabadwe, ndipo anafa ali m'tulo. Mwambo wa maliro utatha, kutangotsala chithunzi chimodzi chokha kuti filimu ithe, a Halappa anaitana amuna anga m'nyumba yoyanikira adike. Sanakalipe. Anawagwira manja onse awiri, misozi ili mbwembwembwe, n'kunena kuti iwo sakhulupirira zonena anthu, koma ali ndi ana, ali ndi zidzukulu, akazi awo sakugona. Anapempha zinthu ziwiri. Amuna anga achoke tsiku lomaliza lisanafike, dzungu liphwanyidwe iwo kulibe. Ndipo pachinsalu palembedwe dzina la Dinakar. Akakana, zitini zonse za filimu azitsekera m'nyumba momwemo, zidyedwe ndi chinyezi, bola banja likhale.

Ndinafunsa kuti nanga Kotresh anati chiyani. Anati Kotresh anatukwana, anaponya chipewa pansi, kenaka anachitola.

"Inu munavomera?"

"Ikanakhala yachitatu, Kusuma. Bola ithe."

Chithunzi chotsalacho chinali cha mtsikana akuchoka pamudzi, akuyenda pamzere wa pakati pa minda ya mpunga. Malo ake anawasankha okha sabata yoyamba, ndipo ankadzuka m'mamawa kukaona nthawi yomwe nkhungu imakwera. Asananyamuke anamutengera Dinakar pamalopo, n'kumukhomera kamtengo poimika kamera. Pondiuza zimenezi mawu awo anali abwinobwino. Dzanja ndi lomwe linkangosakaniza mpunga m'mbale osapita kukamwa. Sinchana anakwawa n'kugwira bondo lawo kuti aimirire. Ndinkayang'ana kuti ndione ngati amukankha, kapena ngati nkhope yawo isintha. Anamunyamula n'kumupsompsona pamphuno pomwepo.

Filimu inatuluka mvula itatha. Tinakaonera ya m'mawa, pa mipando ya kumbuyo, titagula matikiti ngati wina aliyense. Dzina la Dinakar linabwera m'zilembo zazikulu zoyera, anthu akulowabe ndi mtedza m'manja, ndipo palibe amene analiwerenga kupatula ife awiri. Kenaka kunabwera mvula ija. Ine sindidziwa za kamera, sukulu ndinalekezera fomu ya pamwamba n'kukwatiwa, koma ndinamva kuzizira kwake pakhungu. Munthu wina kutsogolo kwathu anafunda mpango. Amuna anga anaonera filimu yonse mwana ali m'tulo pachifuwa chawo. Pa chithunzi chomaliza anandiweramira n'kunong'ona kuti Dinakar anachedwa, nkhungu inali itakwera kale, koma palibe kanthu, mnyamatayo wayesetsa.

Anthu anaikonda. Inakhala miyezi m'nyumba za kanema, nyuzipepala zikutamanda diso la Dinakar, ndipo ku Gandhinagar aliyense ankadziwa mwini disolo. Ine m'kupusa kwanga ndinaganiza kuti basi, tsoka lachapidwa. Filimu yomwe anajambula yatha, yapambana, palibe wafa kupatula gogo amene nthawi yake inali itakwana. Ndinkati tsopano abwera kudzapepesa. Galimoto ikaima pamsewu ndinkasuzumira pazenera.

Amene anabwera ndi Kotresh, atavala malaya atsopano ndi mphete yomwe sindinaionepo. Anabweretsera mwana kachidole ka njovu. Anamwa khofi, anayamikira khofi, anafunsa za mayi ku Tiptur. Kenaka anati pali eni mafilimu awiri amene akufuna Vadiraj, ndipo wachitatu akufunsafunsa. Ine kukhitchini ndinamwetulira ndekha ndi chimwemwe.

Koma Kotresh anali asanamalize. Anati anthu akuti a Halappa anapeza mankhwala ake. Dzanja la Vadiraj ndi golide, dzina lake ndi mthunzi wake ndiye zoopsa. Choncho onse akufuna chimodzimodzi, osasintha kanthu. Asapezeke pa mwambo woyambira. M'mawa asayambe ndiye kukhudza kamera. Achoke tsiku lomaliza lisanafike. Dzina likhale la wina. Mmodzi anafunsanso ngati mwana uja angabwere kudzayetsemula, poti mwina nazonso zinathandiza.

Kotresh anayesa kuseka ponena zimenezi. Palibe anamuthandiza.

Ine sindilankhula pamaso pa alendo, koma tsiku limenelo ndinatuluka ndi chipande m'manja. Ndinati achimwene, inu munadya m'mbale imodzi ndi munthuyu, mukudziwa kuti hatchi ija sanaikankhe ndi iye. Kotresh anati akudziwa, mlamu, akudziwa bwino, koma filimu yake yotsatira si ya ndalama zake, ndipo amene wayika chuma chake amaopa ngakhale mphaka wodutsa. Anati zikapita zaka anthu adzaiwala. Ndinafunsa kuti adzaiwala bwanji, filimu iliyonse ikapambana azidzati ndi chifukwa choti munamuchotsa, ikagwa azidzati munachedwa kumuchotsa. Kotresh anaimirira. Anapatsa mwana njovu ija kachiwiri, mwana ali nayo kale m'manja, n'kutsazika.

Atapita ndinawauza amuna anga kuti akane. Ndinati tibwerere ku Tiptur, tikatsegule kachipinda kojambulira anthu, maukwati ndi ana a sukulu, chikwangwani chikhale cha dzina lawo. Anati ku Tiptur nkhani inafika kale, ndani angaitane Sawona Dzungu paukwati wa mwana wake, akajambula makokonati kapena? Ndinati ndiye apite ku Madras, kumene amapanganso mafilimu. Anati Seenappa ali ndi msuweni ku Madras. Anaima pazenera akuyang'ana nyumba ya tsidya lina la msewu pomwe dzuwa linkatsetsereka pakhoma.

"Diso langa likufunidwa, amake Sinchana. Silinafunidwepo chonchi."

"Nanga inuyo?"

"Ine ndizipita nalo. Lingapite lokha?"

Anatenga yoyamba mwa mafilimu awiri aja, ya kumapiri a ku Sakleshpur. Tsiku lonyamuka ndinayala chikwama pamkeka n'kuyamba kupinda zovala, Sinchana akutulutsa zomwe ndaika. Tsopano amayenda, ndipo chilichonse chakuda cha galasi amachiika padiso n'kunena kuti appa, mmene amaitanira bambo ake. Ndinaika majuzi awiri chifukwa kumeneko kumazizira, mafuta a m'mutu, mankhwala a misundu, ndi kabotolo ka achari ya mandimu. Pamwamba penipeni ndinaika malaya oyera omwe ndinawagulira ndi kuwasita dzulo lake. Gulu lonse limajambulitsa chithunzi chimodzi ntchito ikatha, ndipo munthu amafunika kuoneka bwino. Manja anga anachita zimenezi okha, mutu usanaganize.

Amuna anga anabwera kuchokera kosamba, thaulo pakhosi, n'kuwerama pachikwama. Anawanyamula malaya aja mosamala ndi manja awiri kuti asakwinyike, n'kuwaika pampando.

"Awa asiye," anatero. "Ndibwerako lisanafike tsiku lake."

Anatseka chikwama, anamunyamula mwana pang'ono, n'kutsika. Ndinaima pamwamba pa masitepe mpaka atakhota pamphambano. Kenaka ndinabwerera m'nyumba, chifukwa Sinchana anali atakwera kale pampando, manja ake ali mafuta okhaokha.